NDANI AYAMBE KUDUTSA PA MPHAMBANO?

Lero tikamba za mphambano za miseu, ndipo citsanzo cathu titenga ku Harare, mzinda umene dzina lake linali Salisbury kufikira caka ca 1982. Ambiri a inu muli ndi abale kumeneko, ana ndi adzukulu a anthu amene anapita kukafuna nchito kale, nakhazikika ku Mbare, ku Highfield, ku Mufakose, ku Mabvuku ndi ku Tafara. M'makomboni amenewa nyumba nzothithikana, miseu njopapatiza, ndipo mphambano zambiri ziribe cizindikiro ciri conse. Tsono magalimoto awiri akakomana pamalo otere, ndani ayenera kuyamba kudutsa?

Lamulo la ku Zimbabwe liyankha mwacidule. M'mizinda, pa mphambano yopanda cizindikiro, mupatse mpata galimoto yocokera ku dzanja lanu lamanja. Kukula kwa galimoto sikuwerengedwa ai. Basi yodzaza anthu iyenera kudikira kagalimoto kakang'ono ngati kacokera kumanja kwake, ndipo kuliza hutala sikupatsa munthu ufulu wotsogola.

Mwina mufunsa kuti, bwanji kumanja? Cifukwa cake ndi ici. M'maiko athu atatu, Malawi, Zambia ndi Zimbabwe, ndi ku Mozambique komwe, magalimoto ayenda ku mbali ya kumanzere kwa mseu. Motero pamene mulowa pa mphambano, mbali ya mseu imene muyamba kuponda ndiyo moyenda magalimoto ocokera kumanja kwanu. Ngozi yoyamba icokera kumeneko, ndipo galimoto yotero ikakugundani, igunda citseko cimene inu mwakhalira, pakuti ciongolero ciri kumanja.

Koma lamulo limeneli ligwira nchito pokhapo pamene palibe cina cokulamulani. Woyamba kumumvera ndiye wapolisi. Akakweza dzanja muime, ngakhale nyali iri yobiriwira. Zaciwiri ndizo nyali za pa mseu, zimene anthu azicha maloboti. Yofiira iti imani, yobiriwira iti pitani ngati njira iri poyera, yacikasu iti imani ngati mungathe kuima bwino. Zacitatu ndizo zikwangwani. Pa cikwangwani ca STOP galimoto iime ndithu, matayala aleke kuzungulira, ngakhale simuona munthu. Pa cikwangwani ca ngondya zitatu coloza pansi mucepetse liwiro, ndi kupatsa mpata onse a mu mseu umene mufuna kulowa, a kumanja ndi a kumanzere omwe.

Pali zinanso zitatu zoti mukumbukire. Pokhotera kumanja mudikire magalimoto obwera kutsogolo kwanu, pakuti ndinu amene mudula njira yao. Pa bwalo lozungulira mupatse mpata iwo amene ali kale m'bwalomo, ndiwo ocokera kumanja. Mukamva kulira kwa ambulansi, kapena galimoto yozimitsa moto, kapena ya apolisi, mupatuke msanga.

Bvuto lalikuru lioneka magetsi akazima, monga acita kawirikawiri m'mizinda yathu. Maloboti akafa, oyendetsa ena ayesa kuti lamulo nalonso lafa. Wa kombi athamangira anthu okwera, wa kagalimoto ka mushikashika alowerera pambali, ali yense alowetsa mphuno ya galimoto yake, ndipo posacedwa mphambano yatsekeka. Amai amene analawira kukagula masamba ku Mbare Musika acedwa, mwana wa sukulu asowa podutsa, ndipo wodwala akhala m'ambulansi osafika ku cipatala. Komatu lamulo liripo. Maloboti akazima, ndipo palibe wapolisi, mphambanoyo isanduka yopanda cizindikiro, ndipo wa kumanja ndiye ayamba. Onse anai akafika pamodzi, mmodzi alolere mnzake ndi dzanja.

Anthu a ku Glen Norah ndi ku Glen View akumbuka bwalo la Mbudzi, pamene mseu wa Simon Mazorodze wopita ku Masvingo ndi ku Beitbridge unali kukomana ndi mseu wa ku Chitungwiza ndi wa High Glen. Magalimoto anali kuunjikana pamenepo nthawi yaitali. Boma linatseka bwalolo mu 2022, nilimanga milatho yodutsana pamwamba ndi pansi, imene inatsegulidwa mu 2025 ndi dzina lakuti Trabablas. Koma milatho yotere siingamangidwe pa mphambano iri yonse ya m'komboni. M'miseu yaing'ono ya ku Budiriro kapena ku Kambuzuma, cochinjiriza anthu ndico woyendetsa wodziwa lamulo.

Ndipo ngakhale ufulu uli wanu, musaukakamire pamene muona kuti mnzanu saima. Kukawina mlandu ku khoti sikubwezera mwendo wothyoka. Akuluakulu anati, kuona maso a nkhono nkudekha. Cepetsani liwiro, yang'anani kumanja, yang'anani kumanzere, yang'ananinso kumanja, ndipo pamenepo dutsani.