Fayilo imodzi ikasowa, makalata onse aima

Mjigo wa pamudzi ukawonongeka, si nyumba imodzi yokha imene imagona ndi ludzu. Amayi onse amalawirira kudambo, ndowa zili pamutu. Zoterezi zimachitikanso m'kati mwa makompyuta, makamaka aja amene amanyamula makalata a imelo usana ndi usiku.

Ambiri akamva za imelo amaganiza za Gmail ya pafoni, yongodina ndi chala. Koma akatswiri osamalira makompyuta oyendera Linux ali ndi zida zina zopanda zithunzi. Pasikirini pamakhala zilembo zokhazokha, munthu amalemba lamulo, kompyuta n'kumvera. Zina mwa zidazi ndi Mutt, imene Michael Elkins adalemba mu 1995, Fetchmail yokatenga makalata kwina n'kuwabweretsa, komanso Alpine imene idalowa m'malo mwa Pine ya ku University of Washington m'dziko la America.

Mapulogalamuwa sachita chilichonse paokha. Ntchito yobisa mawu achinsinsi kuti akuba asawawerenge panjira amakaibwereka kufayilo ina yapadera, imene akatswiri amaitcha laibulale yogawana. Dzina lake limakhala ndi zilembo .so, monga libssl.so.3, yochokera ku OpenSSL. Mapulogalamu makumimakumi amatunga pafayilo yomweyo, ndipo izi zimapulumutsa malo m'kompyuta. Ikakonzedwa kamodzi, onse apindula.

Vuto limabwera fayiloyo ikasuntha kapena ikasintha dzina. Mu April 2022, Ubuntu 22.04 idatuluka ndi OpenSSL 3.0, ndipo fayilo yakale ya libssl.so.1.1 idalibemo. Amene adali ndi mapulogalamu omangidwa kalekale adangoona uthenga wakuti laibulale sikupezeka, pulogalamu osadzuka n'komwe. Ngati kompyutayo ndi imene imatumiza malisiti kapena zidziwitso kwa makasitomala, ndiye kuti makalata aima, ndipo mwini bizinesi amadzadziwa anthu atayamba kudandaula.

Katswiri wodziwa ntchito sathamangira kufufuta zinthu. Amayamba walemba lamulo la ldd motsatana ndi malo pamene pali pulogalamuyo, ndipo kompyuta imamuonetsa malaibulale onse amene pulogalamuyo imadalira. Imene yasowa imaonekeratu. Komabe olemba malangizo a ldd amachenjeza kuti lamuloli lisamayesedwe papulogalamu yosadziwika kumene yachokera, chifukwa nthawi zina likhoza kuidzutsa.

Nthawi zina fayilo imakhala ilipo ndithu, kungoti kompyuta sikudziwa kumene ili. Apa mankhwala ake ndi lamulo la ldconfig, limene limalembanso kaundula wa malaibulale wotchedwa ld.so.cache. Koma ngati fayiloyo kulibiretu, njira yabwino n'kuikanso pulogalamu ya imeloyo kuchokera kunkhokwe ya eni Linux imene munthu akugwiritsa ntchito, kapena kuimanganso kuti igwirizane ndi laibulale yatsopano.

Pali njira zachidule ziwiri zimene zimakopa anthu ofulumira. Ena amanamiza kompyuta popatsa fayilo yatsopano dzina la yakale. Kumeneku kuli ngati kukakamiza tayala la njinga yamoto panjinga yakapalasa. Nambala ya kumapeto kwa dzina ija sadaiikire kukongoletsa, imasintha pamene m'kati mwa fayilo mwasintha kwambiri, choncho pulogalamu imakana kapena kufera panjira. Ena amakatola libssl.so.1.1 yakale n'kuibwezera. Izi zimatheka, makalata n'kuyambanso kuyenda, koma eni OpenSSL adasiya kukonza mtundu wa 1.1.1 kwaulere pa 11 September 2023. Mbala ikapeza mpata pamenepo, palibe wodzatseka.

Ndipo mipata yotere si nkhambakamwa. Pa 7 April 2014 dziko lidadzidzimuka ndi chilema chimene chidatchedwa Heartbleed, chimene chidapezeka mu OpenSSL yomweyi. Neel Mehta wa ku Google komanso akatswiri a kampani ya Codenomicon ya ku Finland adachitulukira mosadalirana. Chilemacho chidakhala chili poyera kuyambira mu March 2012, zaka ziwiri zathunthu. Munthu ankangotumiza kafunso kabodza, kompyuta n'kumutsanulira zimene ikukumbukira, mpaka 64 KB ulendo umodzi, ndipo ankatha kubwereza mmene angafunire. M'zotsanulidwazo munkapezeka mayina ndi mawu achinsinsi a anthu. Yahoo idakhudzidwa, ndipo bungwe lotolera misonkho ku Canada lidalengeza kuti manambala a anthu pafupifupi 900 adabedwa.

Chomvetsa chisoni n'chakuti pa nthawiyo ntchito ya OpenSSL, imene makampani olemera kwambiri padziko ankatsamirapo, inkalandira zopereka za ndalama pafupifupi 2,000 za ku America pachaka. Otunga adali ambirimbiri, osonkha za mjigo ochepa.

Ubwino wogawana udaonekeranso pomwepo. Mtundu wokonzedwa wa 1.0.1g utatuluka tsiku lomwelo, sipadafunike kulembanso pulogalamu iliyonse payokhapayokha. Kusintha laibulale imodzi kudakwanira onse otungapo. Koma panali kamsampha kamene kadakola ambiri. Pulogalamu imene idayatsidwa kale imapitirizabe kugwiritsa ntchito laibulale yakale imene idanyamula podzuka, ngakhale yatsopano itaikidwa. Imayenera kuzimitsidwa n'kuyatsidwanso. Ndipo popeza palibe ankadziwa zimene zidatuluka pa zaka ziwiri zija, eni makompyuta adayeneranso kusintha makiyi awo achinsinsi, kenako n'kuuza ogwiritsa ntchito imelo kuti nawonso asinthe mawu awo olowera.