Buku Lomwe Linabisika Zaka 130

M'chaka cha 1842, wansembe wina ku Saint-Laurent-sur-Sèvre m'dziko la France ankasanthula mabuku akale pomwe anapeza mtolo wa mapepala olembedwa pamanja. Mwini wake anali Bambo Louis-Marie Grignion de Montfort, amene anamwalira m'mudzi womwewo pa 28 Epulo 1716 ali ndi zaka 43 zokha. Bukulo, lophunzitsa kudzipereka kwenikweni kwa Amayi Maria, analilemba cha m'ma 1712, koma linasindikizidwa mu 1843.

Montfort anabadwira ku Brittany mu 1673. Popita ku seminale ku Paris anayenda wapansi, ndipo m'njira anasinthana zovala zake zatsopano ndi nsanza za wopemphapempha. Atadzozedwa unsembe mu 1700, anakatumikira osauka m'chipatala cha ku Poitiers. Mu 1706 anayendanso wapansi mpaka ku Roma, komwe Papa Clement XI anamuuza kuti abwerere kwawo akalalikire anthu a m'midzi.

Chomvetsa chisoni kwambiri chinachitika ku Pontchâteau. Kwa chaka chathunthu ndi miyezi ingapo, anthu wamba ankasenza dothi ndi miyala kumanga phiri la Kalvale, pamwamba pake mitanda itatu. Kutatsala tsiku limodzi kuti alidalitse mu 1710, episkopi analetsa mwambowo chifukwa cha lamulo la mfumu loti phirilo ligumulidwe. Thukuta lonse lija linapita pachabe, koma wansembeyu sanasiye kulalikira.

Zolemba zake sizinali za anthu ophunzira okha. Ankapeka nyimbo zachipembedzo m'maimbidwe omwe anthu ankawadziwa kale, kuti ngakhale mlimi wosadziwa kuwerenga aziimba ali m'munda. Analembanso kabuku kophunzitsa kupemphera kolona. Mfundo yake yaikulu inali yakuti Mkhristu akonzenso malonjezo a ubatizo wake podzipereka kwathunthu kwa Yesu kudzera mwa Maria. Papa Yohane Paulo II anawerenga buku lobisika lija ali mnyamata ku Poland, ndipo mawu omwe anasankha kukhala chizindikiro cha upapa wake anawatenga mmenemo.

Mpingo unalengeza Montfort kukhala woyera mu 1947. Apo n'kuti ansembe a chipani chomwe iye anayambitsa atakhazikika kale kuno ku Malawi: anafika ku Nzama m'boma la Ntcheu mu 1901, ndipo lero ku Balaka kuli nyumba yosindikiza mabuku yotchedwa dzina lake.