Mandasi Sanama

Sitifunika kudikira wailesi kuti itiuze mmene chuma cha dziko chikuyendera. Tingosuzumira m'beseni la amayi ogulitsa mandasi pamsika wa Mangochi kapena Nkhotakota.

M'mandasi muli fulawa wa tirigu, yemwe wambiri amachokera kunja, mafuta ophikira ndiponso shuga wa ku Dwangwa kapena Nchalo. Kwacha itachepa mphamvu ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, zonsezi zinakwera mtengo. Poopa kuthawitsa ogula, amayiwa amayamba achepetsa kukula kwa mandasi, kenaka shuga, ndipo mafuta amakazingira omwewo mpaka kuda. Kukweza mtengo kumabwera pomalizira.

Tsono makolo anzathu, mwana akabwera ndi timandasi tating'ono, tisathamangire kunena amayiwo kuti ndi akuba. Timandasito tikutichenjeza kuti tisamale chimanga chathu ndi kupewa ngongole.