Mfotokozankhani m'Nthano Yaitali ya Chiarabu: Chitsanzo cha Miramar

M'pepala lino tifuna kuonetsa kuti mlembi akasankha woti afotokoze nkhani, wasankhanso amene adzamvedwe ndi amene adzakhale chete. Chitsanzo chathu tachitenga m'mabuku a Naguib Mahfouz wa ku Egypt, amene analandira mphotho ya Nobel mu 1988.

M'mabuku ake atatu onena za banja lina la mu Cairo, amene anatuluka mu 1956 ndi 1957, mfotokozankhani ndi mmodzi. Iyeyu adziwa zonse, ngakhale za mumtima mwa atengambali, kotero kuti wowerenga alibe chifukwa chomukayikira. Koma mu Miramar, buku la mu 1967, Mahfouz anataya njira imeneyi. Nkhaniyo ichitikira m'nyumba yogona alendo mumzinda wa Alexandria, ndipo aifotokoza ndi amuna anayi okhala m'nyumbamo, aliyense m'gawo lake.

Amer Wagdi ndi mtolankhani wokalamba, ndipo ndiye atsegula ndi kutseka bukulo. Hosni Allam ndi mnyamata wa m'banja la eni minda, amene ulemu wawo unachepa boma litasintha mu 1952. Mansour Bahi agwira ntchito pa wailesi, ndipo mtima umtsutsa chifukwa chosiya anzake a ndale. Sarhan al-Beheiri atamanda boma latsopanolo pakamwa pokha, kwinaku akukonza zoba pa kampani yopanga nsalu imene agwirako ntchito. Anayiwa asimba zochitika zimodzimodzi, koma yense abisa china ndi kukometsa china. Motero wowerenga asanduka woweruza mlandu, womvera mboni zosagwirizana.

Imfa ya Sarhan ionetsa bwino luso limeneli. Mansour akhulupirira kuti ndiye wamupha, ndipo avomera mlanduwo. Pambuyo pake zidziwika kuti Sarhan anadzipha yekha. Apa tiona kuti ngakhale mboni yosafuna kunama ikhoza kusokeretsa omvera.

Komabe mfundo yaikulu yagona pa Zohra, mtsikana wa kumudzi amene anathawa ukwati woumirizidwa nadzalowa ntchito m'nyumbayo. Amuna onsewo alankhula za iye: wina amuona ngati mwana wake, ena amulakalaka, Sarhan amunyenga ndi kumusiya. Mwini wakeyo sapatsidwa gawo loti afotokoze yekha. Ozukuta mabuku ambiri anena kuti Zohra aimira dziko la Egypt. Ngati zili choncho, kusowa kwa gawo lake ndi chidzudzulo, pakuti onse odzitcha omenyera anthu wamba amulankhulira osamufunsa. N'chifukwa chake tiyenera kuikapo mtima pa khama lake lophunzira kulemba ndi kuwerenga.

Tingathe kunena tsono kuti pozukuta nthano yaitali, m'chilankhulo chilichonse, sikokwanira kufunsa chimene chinachitika. Tifunsenso kuti wasimba ndani, apindulanji posimba chotero, nanga wamanidwa mpata wolankhula ndani.