Ziro wa Raygun: kodi gule amayezedwa ndi chiyani?

Pa 9 Ogasiti 2024, ku Place de la Concorde mumzinda wa Paris, mayi wa ku Australia Rachael Gunn, wodziwika kuti Raygun, analowa m'bwalo la gule wa breaking pa masewero a Olympics. Anadumpha ngati kangaroo, nagubuduzika pansi. Pofika mawa lake, mafoni anali atadzaza mavidiyo omuseka. Anagonja katatu, ulendo uliwonse 18 kwa 0.

Koma ambiri omwe ankagawana mavidiyowo sanamumvetse ziroyo. Majaji sankapereka malikisi ngati pa mayeso a kusukulu ayi. Analipo 9, ndipo pa raundi iliyonse jaji ankangoloza amene waposa mnzake mwa ovina awiriwo. Maraundi awiri, mavoti 18. Ndiye kuti ziro uja ankangosonyeza kuti mnzake anamuposa m'maso mwa jaji aliyense, osati kuti iye sanavine kanthu.

Majajiwo ankayang'ana zinthu zisanu: luso la thupi, kuchuluka kwa masitepe, kuwachita mosaphonya, kuyenderana ndi nyimbo, komanso kubweretsa zachilendo. Chomalizachi ndiye pali nkhani. Zachilendo ndi zachibwana zimasiyanira pati? Mkulu wa majaji, Martin Gilian, anamuikira kumbuyo Raygun ponena kuti anabweretsa zakezake zochokera kwawo. Komatu gulu lomwelo la majaji silinamupatse voti ngakhale imodzi. Wothamanga mamita 100 amaweruzidwa ndi wotchi, ndipo wotchi siidziwa kuti uyu ndi wa kuti. Gule alibe wotchi. Jaji amabwera ndi maso ake, ndi zimene anakulira akuona kuti ndiye kuvina bwino. Amene munakhalapo pa mpikisano wa makwaya mukudziwa phokoso limene limabuka zotsatira zikalengezedwa.

Kunena mosapsatira, Raygun sakanafanana ndi Ami wa ku Japan amene anatenga mendulo ya golide, ndipo apa majaji sanalakwe. Chovuta kuvomereza n'choti chigamulo chachikulu chinaperekedwa ndi ife a pa intaneti, titaonera kavidiyo ka masekondi ochepa basi.

Mu Seputembala chaka chomwecho, bungwe la World DanceSport Federation linatulutsa mndandanda wa akazi ovina breaking, Raygun ali pa nambala 1 padziko lonse. Chifukwa chake? Zotsatira za Olympics sizinkawerengedwa pa mndandandawo, pomwe chipambano chake cha ku Oceania mu 2023 chinawerengedwa. Mu Novembala iye ananena kuti sadzapikisananso.