Mayi amene adabweretsa makamera kwa Wimbe

Mukafunsa munthu amene adaonera The Boy Who Harnessed the Wind kuti filimuyi ndi ya yani, ayankha kuti ndi ya William Kamkwamba. Wodziwako pang'ono atchula Chiwetel Ejiofor, yemwe adailemba, adaitsogolera, n'kuseweramonso ngati bambo Trywell. Dzina la Andrea Calderwood satchula n'komwe. Komatu mayi wa ku Scotland ameneyu, pamodzi ndi mnzake Gail Egan wa kampani ya Potboiler Productions ya ku London, ndi amene adasenza mtolo wonse: kupeza ndalama, kulemba anthu ntchito, ndi kuonetsetsa kuti makamera, magetsi ndi gulu lonse lafika ku Kasungu mu 2017 ndipo labwerako ndi filimu m'manja.

Ntchito yake ndi ya pulodyusa. Dayirekita amauza osewera poima ndi momwe alankhulire, pamene pulodyusa ndi amene amachititsa kuti pakhale osewerawo ndi poimapo. Ali ngati tcheyamani wa komiti ya ukwati, amene amayamba kuyenda ukwati usanalengezedwe, amapempha uku ndi uku, zikalakwika amakalipiridwa ndi mbali zonse ziwiri, ndipo amadya anthu onse atakhuta.

Calderwood adayambira pa wailesi ya kanema. Mu 1994, asanakwanitse zaka 30, adapatsidwa udindo woyang'anira masewero ku BBC Scotland mumzinda wa Glasgow. M'nthawi yake mudatuluka Hamish Macbeth, sewero la wapolisi wa kumudzi lomwe lidatchukitsa Robert Carlyle, komanso The Crow Road, lochokera m'buku la Iain Banks. Koma chomwe chidamuphunzitsa momwe malonda awa amayendera ndi Mrs Brown ya 1997, nkhani ya Mfumukazi Victoria ndi wantchito wake John Brown. Filimuyi idakonzedwa kuti ingoonetsedwa pa TV. Kampani ya Miramax ya ku America itaiona idaigula n'kuipititsa m'nyumba zoonetsera kanema, ndipo Judi Dench, amene adasewera ngati mfumukaziyo, adalowa m'gulu la opikisana pa mphoto za Oscar. Filimu ndi yomweyo, osewera ndi omwewo. Chidasintha ndi woigula ndi komwe adakaionetsa.

Kuchoka ku BBC adapita ku Pathé Pictures ku London, imodzi mwa makampani atatu amene mu 1997 adapatsidwa ndalama za lotale ya dziko la Britain kuti azipangira mafilimu. Kumeneko adathandiza kutulutsa Ratcatcher ya 1999, filimu yoyamba ya Lynne Ramsay, yonena za mnyamata wa m'makomboni a Glasgow pa nthawi imene otola zinyalala adanyanyala ntchito. Mu 2000 adasiya malipiro a pamwezi n'kuyambitsa kampani yakeyake, Slate Films.

Apa m'pamene pali kusiyana. Bwana wa ku BBC kapena ku Pathé amakhala pa mpando, anthu n'kumabwera kudzamupempha. Pulodyusa woima payekha ndiye wopemphayo. Amayamba ndi kulipira mwini buku kuti amusungire ufulu wa nkhaniyo kwa chaka kapena ziwiri. Kenako apeze wolemba, amulipire, awerenge, abweze, alipirenso. Nkhani ikapsa amayamba kusonkha: pang'ono ku bungwe la boma loona za mafilimu, pang'ono ku wailesi ya kanema imene idzaionetse, pang'ono kwa amalonda a m'maiko osiyanasiyana amene amagula filimu isanajambulidwe pa misika ya ku Cannes ndi ku Berlin. Aliyense wa awa amabwera ndi zofuna zake, ndipo aliyense amafuna kuti ndalama zikadzayamba kulowa iye akhale woyamba kubwezeredwa. Pamwamba pa onsewo pamakhalanso kampani ya inshuwaransi imene imalonjeza oika ndalama kuti filimuyo idzatha. Ikaona kuti masiku akupitirira kapena bajeti yaphulika, ili ndi mphamvu yolanda ntchito yonse m'manja mwa pulodyusa ndi dayirekita. Ambiri mwa mafilimu amene amayambidwa motere amafera m'mafayilo, ndipo zaka zimene pulodyusa adathera pa iwo palibe amamulipira.

Anthu a inshuwaransi ndi oika ndalama sakonda malo achilendo. Nkhani ikakhala ya ku Africa, amakonda kuti ikajambulidwe ku South Africa, komwe kuli zida, akatswiri, mahotela ndi chithandizo cha boma. Phiri la ku Cape Town likhoza kuimira dziko lina lililonse, woonera wa ku London sadziwa. Chomwe chimamusiyanitsa Calderwood ndi anzake ambiri n'choti katatu konse, pa nkhani zenizeni za maiko a mu Africa, filimu yake idakajambulidwa komwe nkhaniyo idachitikira.

Koyamba kudali ku Uganda. The Last King of Scotland idachokera m'buku la 1998 la Giles Foden, Mngelezi amene ubwana wake wina adaukulira kuno ku Malawi. Ndi nkhani ya Idi Amin, yoonedwa ndi maso a dokotala wachinyamata wa ku Scotland, munthu wongopeka. Calderwood adaipanga pamodzi ndi Lisa Bryer ndi Charles Steel, dayirekita ali Kevin Macdonald, amene kufikira nthawiyo ankadziwika ndi mafilimu a zochitika zenizeni. Adajambula mu 2005 mu Kampala momwemo, boma la Yoweri Museveni litawatsegulira zitseko, kuphatikizapo za chipatala cha Mulago. Ambiri mwa anthu amene ankaoneka m'makamu a m'filimuyo adali oti ulamuliro wa Amin, wa 1971 mpaka 1979, adauona ndi maso kapena adaumva kwa makolo awo. Filimuyi idadya pafupifupi madola 6 miliyoni a ku America, n'kubweretsa oposa 48 miliyoni. Mu 2007 Forest Whitaker adapata Oscar chifukwa chosewera ngati Amin, ndipo ku BAFTA idasankhidwa kukhala filimu yopambana ya ku Britain.

Chaka chotsatira kudatuluka ntchito yake ina, Generation Kill, sewero la zigawo 7 la HBO lonena za asilikali a America amene adalowa mu Iraq mu 2003, lolembedwa ndi David Simon ndi Ed Burns. Apa zidatembenuka: ku Iraq kudali kusadazizire, choncho Namibia, South Africa ndi Mozambique ndi amene adavala nkhope ya dziko la eni. Mu 2009 Simon Channing Williams, amene adayambitsa Potboiler limodzi ndi Egan ndipo adapanga The Constant Gardener ku Kenya, adamwalira, ndipo kuyambira nthawi imeneyo Calderwood ndi Egan akhala akugwira ntchito limodzi.

Ya ku Nigeria ndiyo idavuta kwambiri. Half of a Yellow Sun, yochokera m'buku la Chimamanda Ngozi Adichie lonena za nkhondo ya Biafra ya 1967 mpaka 1970, idajambulidwa ku Calabar, dayirekita ali Biyi Bandele. Gawo lalikulu la ndalama lidachokera kwa anthu a ku Nigeria konko, mothandizidwa ndi Yewande Sadiku, katswiri wa za mabanki, zomwe sizichitikachitika pa filimu yaikulu chotere. Ntchito ili mkati Thandie Newton, amene ankasewera ngati mkazi wachi-Igbo wa m'nkhaniyi, adadwala tayifodi. Makamera asanayambe n'komwe, anthu ena adali atasainira kale chikalata chodandaula kuti mkazi wachi-Igboyo asaseweredwe ndi munthu amene si wa mtunduwo. Filimu itaonetsedwa ku Toronto mu 2013, olemba za mafilimu adagawanika, ambiri akunena kuti buku lidakula kuposa filimu. Kenako bungwe la boma la Nigeria lounika mafilimu lidaigwira: imayenera kuyamba mu Epulo 2014, koma idatuluka mu Ogasiti, itakonzedwanso malo ena. Kwa pulodyusa miyezi yotere ndi yowawa, chifukwa ndalama zotsatsira malonda zimakhala zapita kale, ndipo okopera mafilimu mwakuba sadikira chilolezo cha boma.

Mmodzi mwa osewera akuluakulu m'filimu imeneyi adali Ejiofor, yemwe makolo ake ndi a ku Nigeria. Iye adali ndi nkhani ina m'thumba: buku la 2009 la Kamkwamba ndi Bryan Mealer, lonena za mnyamata wa m'mudzi wa Masitala kwa Wimbe ku Kasungu amene adasiya sukulu pa njala ya 2001 ndi 2002 chifukwa chosowa fizi, n'kupanga makina amphepo opangira magetsi kuchokera ku zitsulo zotayidwa ndi njinga ya bambo ake. Ejiofor adali asanatsogolerepo filimu yaitali. Tangoganizani momwe pempholo linkamvekera kwa oika ndalama: dayirekita watsopano, mwana wosadziwika pa udindo waukulu, nkhani ya njala, dziko lopanda situdiyo, ndipo mawu ambiri ali m'Chichewa. Padatenga zaka 10 kuchokera pamene buku lidatuluka kufika pamene filimu idaonetsedwa. Ndalama zidachokera ku BBC Films, ku British Film Institute ndi ku Participant Media ya ku America.

Nkhani yakenso ndi yovuta kujambula. Idagawidwa m'mitu yotsata nyengo ya mlimi, monga kufesa ndi njala, kutanthauza kuti pakufunika mvula yosefukira, minda yobiriwira ndi nthaka yong'aluka ndi dzuwa, pamene gulu la filimu limakhala pamalo milungu yowerengeka basi. Wojambula adali Dick Pope, amene adagwira ntchito zaka zambiri ndi Mike Leigh. Chimene gululi lidapindula pobwera kwa Wimbe chikuoneka pa chithunzi chilichonse: dothi lofiira la ku Kasungu, zigafa za fodya, msika, gule wamkulu pa maliro. Izi sakadazipeza kwina. Adasinthako zina, monga zimakhalira. M'filimu makina a William akupopa madzi n'kupulumutsa mudzi, pamene oyamba enieniwo ankangoyatsa mababu ndi wailesi kunyumba kwawo. Zopopa madzi zidabwera pambuyo pake.

Filimuyi itafika pa Netflix pa 1 Malichi 2019, Amalawi ambiri adaseka ndipo ena adakwiya ndi Chichewa chake. Dandaulo lawo lidali loona. William adaseweredwa ndi Maxwell Simba wa ku Kenya, mayi ake ndi Aïssa Maïga wobadwira ku Senegal n'kukulira ku France, mfumu Wimbe ndi Joseph Marcell, amene ambiri amamudziwa ngati Geoffrey wa mu The Fresh Prince of Bel-Air. Amalawi Lily Banda, amene adasewera ngati Annie, ndi Philbert Falakeza, amene adali Gilbert, ndiwo ankalankhula mosakhumudwitsa khutu. Pena mwini chinenero ankachita kuwerenga mawu a Chingelezi a m'munsi kuti amve zomwe akunena m'Chichewa. Ndi dandaulo lomwe lija la ku Nigeria, ndipo gwero lake lili m'chipinda chimene pulodyusa amakumana ndi oika ndalama: wogula wa ku Germany kapena ku Japan amafunsa kuti muli ndani, ndipo mtengo umakwera kapena kutsika malinga ndi dzina lomwe wamva. Komabe pa maudindo apakatikati, ngati a mfumu ndi aphunzitsi, zifukwa zamalonda zimachepa mphamvu, ndipo pamenepo Amalawi akadatha kupatsidwa malo ochulukirapo.

Chichewa chomwecho chidaibweretsera filimuyi mwayi wina. Malamulo a Oscar amati filimu yopikisana m'gulu la maiko akunja ikhale ndi mawu ambiri osakhala a Chingelezi. Dziko la Britain lidatumiza filimu ya kwa Wimbe ngati yake. Chaka chomwecho Lionheart ya Genevieve Nnaji, yoyamba kutumizidwa ndi Nigeria, idachotsedwa pa mpikisano chifukwa chochulukitsa Chingelezi. Ya kwa Wimbe sidafike pa ndime yomaliza, koma ku Sundance, komwe idayambira kuonetsedwa mu Januwale 2019, idalandira mphoto ya Alfred P. Sloan, yoperekedwa ku filimu yokhudza sayansi.

Kugulitsa ku Netflix kudali kupambana kwa pulodyusa: oika ndalama amapumira m'mwamba, ndipo filimu imafika m'maiko pafupifupi 190 tsiku limodzi. Kwa munthu wa ku Kasungu, amene bandulo ya intaneti imamudyera ndalama ya ndiwo, nkhani ndi ina. Mwini filimu yonena za mudzi wake ali ku London ndi ku California.

Kuno kwathu ntchito ya Calderwood imagwiridwa ndi munthu yemweyo amene walemba ndi kutsogolera. Shemu Joyah, amene ntchito yake ina ndi yoyeza malo, adapanga Seasons of a Life, The Last Fishing Boat ndi The Road to Sunrise kudzera ku kampani yake ya FirstDawn Arts, ndipo yomalizayi ndi imene idakhala yoyamba kutumizidwa ndi Malawi ku Oscar mu 2018. Joyce Mhango Chavula adapata mphoto ya Africa Magic Viewers' Choice mu 2016 ndi filimu yake ya Lilongwe. Luso lilipo. Chimene chikusowa ndi zija adayambira nazo Calderwood ku Glasgow ndi ku London: wailesi ya kanema yogula nkhani isanajambulidwe, thumba la boma lolipira wolemba akadali pa tsamba loyamba, ndi munthu amene ntchito yake yonse ndi kuyenda ndi mapepala pakati pa banki, loya ndi wogula.

Calderwood ndi Ejiofor sadasiyane kwa Wimbe. Filimu yachiwiri imene Ejiofor adatsogolera, Rob Peace, nkhani yeniyeni ya mnyamata wanzeru wa ku New Jersey amene adaphunzira ku Yale koma adaphedwa ali ndi zaka 30, idaonetsedwa koyamba ku Sundance mu Januwale 2024, ndipo Calderwood adali m'gulu la mapulodyusa ake.