Pál Schiffer: wojambula mafilimu amene anapatsa osauka mpata wolankhula

Kumapeto kwa sabata iliyonse, sitima yodzaza ndi anthu ogwira ntchito zamanja inkanyamuka ku Budapest, likulu la dziko la Hungary, kulowera kumidzi ya m'chigawo cha Szabolcs. Anthuwa ankakhala m'tauni sabata yonse, ndipo ankaona akazi ndi ana awo kwa tsiku limodzi kapena awiri okha. Pál Schiffer anakwera nawo sitimayo atanyamula kamera, ndipo mu 1970 anatulutsa filimu yotchedwa Fekete vonat, kutanthauza sitima yakuda.

Schiffer anabadwa mu 1939 m'banja la andale. Agogo ake, Árpád Szakasits, anakhalapo pulezidenti wa dzikolo, koma mu 1950 boma la chikomyunizimu linawatsekera m'ndende. Bambo ake nawonso anamangidwa. Choncho anadziwa akadali mwana kuti zonena za boma ndi zochitika pakhomo zimatha kusiyana kutalitali.

Nthawi imeneyo akuluakulu a boma sankafuna kuti nkhani ya umphawi izikambidwa poyera. Schiffer anaika mtima wake pa nkhani yomweyo. Anagwira ntchito limodzi ndi István Kemény, katswiri wa za chikhalidwe cha anthu amene mu 1971 anatsogolera kafukufuku wa moyo wa Aromani, mtundu wa anthu osalidwa kwambiri m'dzikomo. Mgwirizanowu unabala filimu ya Cséplő Gyuri ya mu 1978. Filimuyi ikutsatira mnyamata wa Chiromani amene akuchoka m'mudzi wosauka wa Németfalu kukafuna ntchito ku Budapest. Oonera amamuona akuyendayenda kufunsa ntchito, akusowa pogona pabwino, kenako akugwira ntchito yolemetsa pafakitale ya njerwa.

Kajambulidwe ka Schiffer kanali kofuna kudekha. Mmalo mwa akatswiri a zisudzo, ankajambula eni nkhani enieni. Ankakhala nawo nthawi yaitali mpaka amuzolowere, kenako ankawasiya alankhule m'mawu awoawo, ngakhale pamene zonena zawo zinali zowawa kumva.

Ulamuliro wa chikomyunizimu utatha mu 1989, iye sanasiye njirayi. Anapita mumzinda wa Székesfehérvár, komwe kwa zaka zingapo anatsatira ogwira ntchito pafakitale ya Videoton amene anachotsedwa ntchito kampaniyo itagwa. Boma linali litasintha, koma ovutika anali akufunikabe wowamvetsera. Schiffer anamwalira mu 2001.

Alangizi ndi onse ogwira ntchito zachitukuko kumidzi angatolepo phunziro. N'kosavuta kufika pamudzi m'mawa, kujambula zithunzi, kulemba lipoti ndi kubwerera madzulo. Koma mlimi saulula za ngongole yake kapena za nkhokwe yopanda kanthu kwa mlendo wongodutsa. Amauza munthu amene wabwera kachiwiri ndi kachitatu, n'kukhala pansi kumvetsera.